Jack Johnson ndi kanema amene apolisi anamudula

Kanema wake ndi wakale zedi, wopanda mitundu, wopanda mawu, ndipo anthu ake amayenda mwadzidzidzi ngati akuthawa mvula. Ndinamupeza pa YouTube usiku wina tulo titandithawa, ndipo kutacha ndinakamuonetsa mnzanga amene amameta anthu chakufupi ndi msika wa Nthukwa kuno ku Chilomoni. Mnzangayu ndi wokonda nkhonya wotheratu, khoma lonse la shopu yake ndi zithunzi za Tyson ndi Mayweather. M'kanemamo chimunthu chakuda, chometa mpala, chikuthibula mzungu wamfupi, uku chikumwetulira ngati chikusewera ndi mwana. Mzunguyo miyendo yayamba kugwedera, nkhonya ina ikubwera, kenaka chithunzi n'kungoima. Mnzanga uja anandilanda foni, n'kuikweza m'mwamba kusaka netiweki, akudandaula kuti bandulo yanga yathera pokoma.

Bandulo inalipo yokwanira. Kanemayo anadulidwa zaka zoposa 100 zapitazo, pa 26 December 1908, mumzinda wa Sydney ku Australia. Apolisi analowerera m'raundi ya 14, naimitsa nkhonyayo pamodzi ndi makamera amene ankajambula. Dziko linamva kuti munthu wakuda watenga lamba wa dziko lonse wa anthu olemera kwambiri pathupi, koma silinaloledwe kuona mapeto ake. Munthuyo anali Jack Johnson, ndipo moyo wake wonse unayenda limodzi ndi kamera: inamulemeretsa, inamutchukitsa, inamupezeranso adani amene sanamusiye mpaka kumanda.

Kuti timvetse bwino, tibwerere kaye kumene kanema anayambira. Ambirife timaganiza kuti makanema oyamba anali a chikondi kapena a nkhondo. Ayi ndithu. Mu 1894, ku West Orange m'dera la New Jersey ku America, anyamata a Thomas Edison anali ndi kanyumba kojambuliramo kokutidwa ndi pepala laphula, kotchedwa Black Maria. Filimu yawo inali yaifupi, siinkakwana ndi mphindi imodzi yomwe, mawu kunalibe, choncho ankafuna chinthu choti munthu akangochiona achimvetse pompo. Anapeza thupi la munthu. M'mwezi wa March chaka chimenecho anaitana Eugen Sandow, chiphona chobadwira ku Prussia chimene chinkadya ndalama poonetsa minofu m'maholo, ndipo anamujambula atavala kakabudula, akufufumitsa mikono ndi chifuwa. Mafana amene mumanyamula zitsulo zothira simenti m'zitini kuseri kwa nyumba, n'kumadzijambula pa TikTok, gogo wanu ndi ameneyu. Mpaka lero chikho cha Mr Olympia ndi kachifanizo ka Sandow.

Zitatha za minofu anabweretsa nkhonya. Mu September 1894 anajambula James Corbett, amene anali ndi lamba wa dziko lonse panthawiyo, akumenyana ndi Peter Courtney, munthu wosadziwika n'komwe. Inali nkhonya yachionetsero: maraundi 6, iliyonse yaifupi molingana ndi filimu imene inali m'kamera, ndipo Courtney anagwa m'raundi yomaliza monga mmene zinayenera kukhalira. Anthu ankaonera posuzumira m'kabokosi, raundi iliyonse ndi ndalama yake. Amene ankafuna kuona munthu akugwa ankayenera kulipira kasanu n'kamodzi. Ife amene tinakulira m'mavidiyo shoo a m'makwalala a Chilomoni, kulipira kandalama pakhomo kuti tikaone Jet Li titakhala pa thabwa, malonda amenewa sitingawadabwe. Pofika 1897, nkhonya ya Corbett ndi Bob Fitzsimmons inajambulidwa yonse, kanema wopitirira ola ndi theka, ndipo anthu a bizinesi anazindikira kuti ndalama zenizeni za nkhonya sizili pakhomo la bwalo pokha, zili m'filimu.

Pamene izi zinkachitika, Johnson anali mnyamata wa maganyu padoko la Galveston ku Texas. Anabadwira komweko pa 31 March 1878, makolo ake Henry ndi Tina anali anthu amene anakhalapo akapolo. Sukulu anangoilawa. Nkhonya anaiyambira pansi penipeni, m'masewero onyansa amene azungu olemera ankasonkhanitsa anyamata akuda angapo m'bwalo limodzi kuti aswane mpaka patsale mmodzi, iwo akuponya makobidi. Mu 1901 anamenyana ndi katswiri wina wachikulire, Joe Choynski, amene anamugwetsa m'raundi yachitatu. Nkhonya yolipidwa inali yoletsedwa ku Texas, ndiye onse awiri anawatsekera m'chitokosi chimodzi kwa masiku 23. M'menemo ndi mmene Choynski anamuphunzitsira luso lozinda ndi kutchinga. Kuyambira pamenepo Johnson anakhala wankhonya wovuta kumukhudza: ankagwira mikono ya mnzake, kumutopetsa, kumulankhulitsa, kenaka n'kumumaliza nthawi imene iye wafuna.

Mu 1903 anatenga lamba amene ankapikisanirana anthu akuda okhaokha. Lamba weniweni uja anali wotchingidwa ndi khungu. Akatswiri achizungu, kuyambira John L. Sullivan mpaka Jim Jeffries, ankakana poyera kuika lamba wawo pamaso pa munthu wakuda, ndipo Jeffries anapuma nkhonya asanagonjepo. Lamba atafika m'manja mwa Tommy Burns wa ku Canada, Johnson anayamba kumulondola ngati wangongole. Burns akapita ku London, Johnson ali konko. Akapita ku Australia, Johnson wakwera sitima yotsatira. Burns anavomera atalonjezedwa madola 30,000, pamene Johnson anapatsidwa 5,000 yokha. Zotsatira zake ndi kanema wodulidwa uja.

Chimene chimandisangalatsa mwa mkuluyu n'chakuti kamera anaimvetsa msanga kuposa anzake. Ukamaonera makanema ake umaona kuti akudziwa pamene pali kamera. Amatembenuka, amamwetulira mano agolide ali pamtunda, amalankhula ndi anthu okhala kutsogolo uku atapanikiza mnzake. Mu October 1909 anakumana ndi Stanley Ketchel ku Colma m'dera la California. Ketchel anali wopepuka kwambiri poyerekeza ndi Johnson, ndipo nkhani imene yakhala ikukambidwa ndi yakuti anagwirizana zoikoka nkhonyayo kuti filimu italike, igulike bwino. M'raundi ya 12 Ketchel anaiwala pangano, naponya chibakera chenicheni, Johnson n'kugwa. Kanemayu alipo, kamuoneni. Johnson anadzuka, nam'patsa chibakera chimodzi cha kukamwa, mphamvu yake mpaka iye mwini anapunthwa n'kugwera kutsogolo. Ketchel anagona chagada osadzukanso mpaka kuwerenga kutatha. Makanema ngati amenewa ankazungulira m'maholo a America monse, ndipo anthu akuda ankalipira tikiti kukaona mmodzi wa iwo akupambana.

Azungu zinawawawa. Manyuzipepala anayamba kusaka mzungu woti adzawombole mtundu, ndipo maso onse anagwera pa Jeffries, amene anali atakhala zaka pafupifupi 6 osamenya, akulima kumunda kwake, thupi litanenepa. Anamunyengerera ndi ndalama mpaka analola. Nkhonyayo inachitika pa 4 July 1910, tsiku lokumbukira ufulu wa America, mumzinda wa Reno ku Nevada, pamaso pa anthu pafupifupi 20,000, ambiri mwa iwo azungu. Inakonzedwa kuti ikhale ya maraundi 45, ndipo ndalama yolimbirana inali madola 101,000, osawerengera za filimu. Makampani a kanema anatchera makamera awo ali ndi chikhulupiriro chonse kuti ajambula kugwa kwa munthu wakuda, chinthu chimene chikanagulika kwa zaka. Pakona ya Jeffries panali Corbett yemwe uja wa m'kanyumba ka Edison, ntchito yake inali kunyoza Johnson kuti apse mtima ataye nzeru. Johnson ankangomuseka. M'raundi ya 15 Jeffries anagwa, koyamba m'moyo wake wa nkhonya. Anadzuka, anagwanso, anagwa kachitatu, anthu ake n'kulowerera kuti asawerengedwe mpaka 10.

Usiku umenewo magazi anakhetsedwa m'mizinda yambiri ya America. Magulu a azungu ankasaka anthu akuda amene ankasangalala m'misewu, ndipo anthu osachepera 20 anaphedwa, ambiri mwa iwo akuda, ena mazanamazana anavulala. Boma silinalimbane kwenikweni ndi opha anthuwo, linalimbana ndi kanema. Mizinda ndi madera ambiri analetsa kumuonetsa, mipingo ina inachita kampeni, ndipo mu 1912 nyumba ya malamulo ya America inakhazikitsa lamulo loletsa kunyamula makanema a nkhonya kuchoka dera lina kupita dera lina. Lamulolo linakhalapo mpaka 1940. Taganizani, makanema a nkhonya anali akuonetsedwa kuyambira 1894 popanda lamulo lotere. Linabadwa pamene wopambana anasintha khungu.

Nkhaniyi siinathere ku America, inafika mpaka kuno kum'mwera kwa Africa. Dziko la South Africa linali litangolumikizidwa kumene mu May 1910, ndipo akuluakulu a kumeneko analetsa kanema wa ku Reno poopa kuti anthu akuda akamuona ayamba kuwaderera azungu. Nthawi imeneyo azigogo athu ochokera ku Nyasaland anali atayamba kale kupita ku Joni kukagwira ntchito m'migodi kudzera ku Wenela. Ndiye anthu amene ankatchingidwa maso aja ena mwa iwo anali athu. Ku Britain nako, mu 1911 Johnson anayenera kumenyana ndi Bombardier Billy Wells mumzinda wa London, koma atsogoleri a mipingo ndi ena anakuwa, chimodzi mwa zifukwa chikhale mantha a mmene nkhonyayo ndi filimu yake zikalandiridwire m'maiko olamulidwa ndi Britain. Nduna ya za m'dziko panthawiyo, Winston Churchill, inagamula kuti nkhonyayo ndi yosaloledwa, ndipo siinachitike. Kuchokera nthawi imeneyo munthu wakuda sankaloledwa kulimbirana lamba wa Britain mpaka Dick Turpin anadzautenga mu 1948. Ufumu wonse wa mfuti ndi sitima zankhondo, kuopa chithunzi choyenda pa nsalu.

Apa ndiyenera kunena chilungamo, chifukwa pa Facebook timakonda kusandutsa anthu angelo. Johnson sanali mngelo. Ndalama ankamwaza pa magalimoto othamanga, zovala ndi mowa. Akazi ankawasintha, ndipo ena ankawamenya. Mkazi wake Etta Duryea anamumenyapo mpaka kukagonekedwa m'chipatala, ndipo mu September 1912 mayiyu, amene azungu anzake anali atamusala chifukwa cha banjali, anadziwombera m'chipinda cha pamwamba pa malo achisangalalo a mwamuna wake, Café de Champion, ku Chicago. Chinanso chimene chimandinyansa n'chakuti atatenga lamba, Johnson anawatsekera chitseko akuda anzake amene anali oopsa zedi. Sam Langford anapempha mwayi kwa zaka zambiri osaupeza. Johnson ankawerengera ndalama: azungu sakanalipira zambiri kuti aone akuda awiri akumenyana. Chitseko chimene iye anachigogoda zaka zonse zija anachitsekanso atalowa.

Koma boma silinamugwire chifukwa chomenya mkazi. Linamugwira chifukwa akazi akewo anali achizungu ndipo iye sankabisa. Panali lamulo la 1910 lotchedwa Mann Act, lopangidwa pofuna kuthana ndi mchitidwe wozembetsa akazi kukachita uhule, ndipo ndi limene analipinda kuti limukole. Mlandu woyamba unagwa chifukwa mtsikana amene ankati wazembetsedwayo, Lucille Cameron, anakana kumuneneza, ndipo patangopita miyezi itatu Etta atamwalira anakwatirana naye. Ofufuza anakasaka chibwenzi chake chakale, Belle Schreiber, amene anavomera kuchitira umboni. Mu 1913 gulu logamula mlandu la azungu okhaokha linamupeza wolakwa, ndipo analamulidwa kukakhala kundende chaka chimodzi ndi tsiku limodzi. Ali pa belo anazemba kudzera ku Canada n'kukafika ku Ulaya.

Zaka 7 zotsatira anakhala moyo wothawathawa: France, Britain, Argentina, Spain, Mexico. Katswiri wa dziko lonse anabwerera ku ntchito ya Sandow, kuonetsa thupi m'maholo, kuchita nkhonya zachionetsero, kugwetsana ndi ziphona, chilichonse chobweretsa chakudya. Lamba anautaya pa 5 April 1915 ku Havana m'dziko la Cuba, kwa Jess Willard, chimzungu chachitali cha ku Kansas. Johnson anali ndi zaka 37, dzuwa linali loswa mtengo, ndipo atatsogola maraundi ambiri mphamvu zinamuthera, nagwa m'raundi ya 26. Ndikaona chaka chimenechi ndimakumbukira za kwathu kuno. Miyezi iwiri yokha m'mbuyo mwake, mu February 1915, asilikali a atsamunda anali atapha John Chilembwe, amene naye anaona tsankho la America ndi maso ake pamene ankaphunzira ku Lynchburg, Virginia, asanabwerere ku Chiradzulu mu 1900. Awiriwa anali osiyana ngati usiku ndi usana, wina mbusa wina munthu wa zisangalalo, koma onse anavala suti yabwino n'kuima mowongoka pamaso pa kamera panthawi imene munthu wakuda ankayenera kuvula chipewa. Chithunzi cha Chilembwe timachigwira tsiku ndi tsiku pa K2,000.

Nkhani ya kanema wa ku Havana ndi yoseketsa. Azungu a ku America anadikira zaka zoposa 6 kuti aone Johnson akugwa, koma tsiku litafika lamulo lawo lomwe lija la 1912 linawatchinga: filimu siikanalowa m'dzikomo. Mu 1916 anthu ena a bizinesi anayesa nzeru. Anakamanga tenti pamalire enieni a Canada ndi America, filimu ili mbali ya Canada, kamera ili mbali ya America, n'kujambulanso zithunzizo kudutsa malire kuti adzanene kuti palibe chimene chanyamulidwa. Khoti linakana. Chimene anthu anaona ndi chithunzi chimodzi choima: Johnson ali chagada, mkono uli pamaso ngati akutchinga dzuwa. Johnson anachigwiritsa ntchito chithunzicho kwa zaka zambiri pofalitsa kuti anagwa dala atalonjezedwa kuti mlandu wake uthetsedwa. Akatswiri ambiri amene anadzaonera kanema yense pambuyo pake amati kunali kugwa kwenikweni. Ine nditamuonera ndikugwirizana nawo: chibakera cha Willard chija chinali chosafuna pangano.

Mu April 1916, ku Barcelona, anamenyana ndi Arthur Cravan, mlakatuli amene ankafuna ndalama ya ulendo. Makamera analipo, ndipo Johnson anamusunga munthuyo mpaka raundi ya 6 asanamugwetse, chimodzimodzi Corbett ndi Courtney zaka 22 m'mbuyomo. Mayi ake anamwalira ku Chicago mu 1918 iye ali kunja, maliro osawaona. Mu July 1920 anatopa, nadzipereka pamalire a Mexico ndi America, n'kukagwira ukaidi wake kundende ya Leavenworth mpaka July 1921. Ali momwemo anakonza mtundu wina wa sipanala umene boma linamulembetsera kuti ndi nzeru zake.

Atatuluka, mwayi wolimbirananso lamba sanaupeze. Jack Dempsey, amene analanda lamba kwa Willard, sanauike pamaso pa munthu wakuda aliyense. Panadutsa zaka 22 kuchokera ku Havana kuti munthu wakuda wina, Joe Louis, atenge lambayo mu 1937, ndipo omuyang'anira anamulangiza kuti achite zosiyana ndi Johnson pa chilichonse: asaseke mdani amene wagwa, asajambulitse ndi mkazi wachizungu. Johnson ndi Louis sankamwerana madzi. Mkulu uja anakalamba akudya dzina lake. Ankaima pamalo ena a zionetsero zotchipa otchedwa Hubert's, mu 42nd Street ku New York, kumene anthu ankabwera kudzaona zodabwitsa, iye n'kumafotokoza za masiku ake akale kwa aliyense wolipira kandalama. Mu November 1945, ali ndi zaka 67, analowanso m'bwalo kuchita chionetsero cha maraundi a mphindi imodziimodzi pothandiza boma lomwe lija kupeza ndalama za nkhondo.

Imfa yake inabwera pamsewu. Pa 10 June 1946 ankayendetsa galimoto m'dera la North Carolina, ndipo amene anali naye anafotokoza kuti anali atangochoka mokwiya pamalo odyera pamene anamusala chifukwa cha khungu. Galimoto inasempha msewu pafupi ndi tauni ya Franklinton n'kuwomba mtengo wa magetsi. Anamutengera ku St Agnes mumzinda wa Raleigh, chipatala cha anthu akuda, kumene anamwalira ali ndi zaka 68. Anaikidwa kumanda a Graceland ku Chicago, pafupi ndi Etta.

Kanema wa ku Reno, amene ankati ndi woopsa kuti anthu amuone, mu 2005 anaikidwa m'kaundula wa makanema ofunika kusungidwa ndi Library of Congress. Pa 24 May 2018 pulezidenti Donald Trump anasaina chikalata chomukhululukira Johnson mlandu wa 1913 uja, patatha zaka pafupifupi 72 mwini wake ali m'manda. Patangopita milungu yochepa, mu June chaka chomwecho, mtsikana wa kwathu kuno Anisha Basheel anatenga lamba wa Commonwealth mumzinda wa London womwe uja anakaniza Johnson kumenya, ndipo ambirife tinamuonera pa mafoni.

Mnzanga wometa uja ndinamutumizira makanema onse atatu, wa Burns, wa Ketchel ndi wa Jeffries. Amene wamukonda ndi wa Ketchel, amaubwereza pomwe Johnson akudzuka paja, kasitomala ali pampando mutu wometedwa mbali imodzi. Wa Burns akuti umamupsetsa mtima, ndipo wandituma kuti ndimusakire wina wofika kumapeto. Ndamuuza kangapo kuti makamera anazimitsidwa, koma iye akuumirira kuti pa intaneti sipasowa kanthu.